Maliro a Lamulo la Atsibweni Ako

Yotamu, mwana wanga,

Ana a sukulu ndawawerutsa dzuwa likadali pamutu lero, ndipo athamanga osafunsa chifukwa, kuopa kuti ndingasinthe maganizo. Ndatsala ndekha muno, ine ndi inki ndi nkhuku ina imene yaganiza zoikira kuseri kwa bolodi. Iwe uli m'njira kuchokera ku Dzoole kumene unapita kukatsazika azakhali ako, ndipo mawa utsika phiri, kudzera pa Chezi, kukakwera sitima ku Salima. Udabwa kuti bambo ako akukulembera kalata pamene mphala yako ili pafupi ndi khomo langa. Chifukwa chake n'chakuti masiku ano kulankhula nawe ndi ntchito yofunika kudyeratu. Munthu asanafike pakati pa mawu iwe wayankha kale, yankho lakenso lolondola, zimene zimapweteka koposa. Pepala sungalidule pakamwa. Uliwerenge lonse usanamange nsapato.

Ndiyambe ndi chimene chadzaza mtima wanga: ndakondwa. Ndakondwa, mwana wanga, mpaka ndikuchita nazo manyazi. Mwana wa mphunzitsi wa kumudzi, wobadwira m'mapiri muno, waitanidwa ku Kabula kukaphunzira ntchito ya m'bwalo lalikulu la milandu, kukasanthula mabuku a malamulo amene ine ndinangoona zikuto zake! Amayi ako asiya kuponda pansi. Dzana anabwerera kuchitsime mitsuko yonse ili yodzaza, kungofuna kuti wina awafunse za iwe. Ine ndiye Lamulungu ndinayambitsa nyimbo pamwamba kwambiri, mpingo wonse n'kukanika kufikapo, ndime yoyamba ndinaitsiriza ndekha akulu a mpingo akundiyang'ana m'mbali.

Koma pali kanthu kamodzi kakundibaya ngati chisoso m'bulangete. Unalumbira pamaso pa amayi ako kuti kwa atsibweni ako, amfumu, sukatsazika. Chimene chinakupsetsa mtima ndikuchidziwa. Kuitanidwa kwako kutamveka, nduna zawo zinalengeza pabwalo kuti mnyamata wosakwatira, wopanda nyumba yakeyake, sachoka m'dziko lino. Iwe unaima chilili, osaomba ndi m'manja momwe, n'kunena kuti lamulo limenelo khoti linalikana kalekale, lilibe mphamvu pa munthu aliyense. Unanena zoona, ndipo palibe mesenjala amene akugwire mawa. Koma tamvera. Munthu wochoka osatsazika mwini mbumba wake, kuno timamuyesa wothawa. Akadzabwera amamuyalira mphasa ya alendo, amamupatsa madzi, n'kumufunsa tsiku lobwerera. Ine ndine mkamwini pamudzi pano, ndikudziwa kukhala pamalo pamene mawu ako amayamba apempha chilolezo asanatuluke. Iwe kuno ndi kwanu, ndipo sindifuna kuti utaye kwanu chifukwa cha mlandu umene unawina kale.

Tsono mkangano wonsewu unatuluka m'kamwa mwanga, iwe ukadali woyenda ndi malaya okha. Si chinsinsi ayi. Aliyense wa msinkhu wanga akuidziwa nkhaniyi, ndipo amandiseka nayo paukwati ndi pamaliro pomwe. Iwe unangomva zidutswa zake, chifukwa anthu amakonda kukamba poseketsa pokha, ndipo pamene ndinalakwa zenizeni sapadziwa.

Zaka zimenezo anyamata ankatha m'midzi. Wina ku Halale, wina ku Joni, wina ku minda ya fodya ya azungu. Ukapita kumaliro, okumba manda anali madoda a imvi. Boma linali litangopatsa mafumu akuluakulu mphamvu yoika malamulo m'maiko awo, ndipo atsibweni ako, munthu wokonda anthu ake, anaika lamulo lija lotseka anyamata. Woyamba kugwidwa nalo sanali wopita kumigodi ayi. Anali Sitefano, mwana wa mayi wamasiye Nankhoma, amene ankapita ku mishoni kukaphunzira ukalipentala, bokosi lili pamutu. Anamubweza panjira. Nankhoma sanataye nthawi ndi kulira. Anamanga nsalu m'chiuno n'kuyenda wapansi mpaka ku Boma kukadandaula. Bwana wa kumeneko anati nkhaniyi ndi yolemera, idikire jaji wa ku Kabula amene ankayendera maboma.

Tsiku litayandikira, womasulira wa ku Boma anagwa ndi malungo, ndipo anatuma mesenjala kudzanditenga. Chingerezi changa chinali chotchuka mpaka ku Malomo, makamaka pakati pa anthu osachidziwa. Ndinasita jekete, ndinapukuta nsapato ndi mafuta a nsatsi, mtima uli m'mwamba. Sindinaime n'komwe kuganiza kuti ndikupita kukakhala pakati pa jaji ndi mlamu wanga, mwini nthaka imene ndimalima.

Kupusa kwanga koyamba ndinakuchita ndisanatuluke m'mudzi. Mesenjala atati lamulo la amfumu likukazengedwa mlandu, ine ndinamva kuti amfumu ndiwo akukazengedwa, ndipo ndinauza amayi ako momwemo. Kunali kulira. Anakazinga chimanga, anapinda bulangete, ati mlongo wawo akafunde kundende. Tinanyamuka pafupifupi mudzi wonse, nkhope zili zakugwa. Tikufika, tikuona amfumu awapatsa mpando wotsamira pafupi ndi jaji, ndipo patebulo pali kapepala kamodzi kotsendereza ndi mwala kuti kasauluke. Mkulu wina anandikoka jekete. "Aphunzitsi, nanga wopalamulayo ali kuti?" Ndinaloza kapepalako. Anakayang'ana, n'kundiyang'ana ine, nati, "Ndiye tayendera kameneka mtunda wonsewu?" Chimanga chija tinachidya pobwerera, ndipo amene anadya chambiri ndi amfumu omwewo. Usaiwale, Yotamu: bwalo likamayesa lamulo, siliyesa munthu amene analiika. Munthu angaike lamulo lolakwika ali ndi mtima wabwino, monganso wina angaike lolondola ali ndi mtima wa njiru. Iwe tsiku lija pabwalo unasakaniza ziwirizi monga ndinachitira ine.

Jajiyo anali wamtali, wowonda, wolankhula pang'onopang'ono. Chimene chinandidabwitsa n'chakuti sanafunse ngati lamulolo ndi labwino kapena loipa. Ine ndinali nditakonzeratu Chingerezi chofotokozera za manda osowa okumba, koma sichinafunike. Iye analifunsa lamulolo mfunda, monga timachitira ndi mlendo akafika pakhomo: ndiwe mwana wa yani? Anati mfumu siika lamulo ndi mphamvu yotulutsa m'thumba mwake. Mphamvuyo inabadwa ku lamulo la ku Zomba, la ku Zombalo linabadwa ku chikalata chachikulu cha kutsidya kwa nyanja, ndipo mwana saloledwa kuchita chimene make sanamupatse. Anatsegula buku n'kuwerenga zimene mafumu analoledwa kulamula: za zitsime, za moto wa kutchire, za misewu, za mtendere pamudzi. Anatsika ndi chala mpaka pansi, koma zomanga miyendo ya munthu wosalakwa sanazipeze. Sanalekere pomwepo. Anati chikalata chachikulucho chimalola mwambo wa eni dziko, bola usalimbane ndi chilungamo, tsono mwina lamuloli ndi mwana wa mwambo. Anatembenukira kwa madoda amene anawakhazika pambali pake kuti amulangize. Mmodzi wa iwo, wopanda mano, anayamba waseka.

"Bwana, kwathu kuno mwamuna ngochoka. Tsinde ndi mkazi, mwamuna amapita kukakwatira kwa eni. Mukatsekera anyamata m'mudzi, akwatira alongo awo? Uyu akukumasuliraniyu adachokera ku Dzoole, tidamulandira ali ndi ndodo yokha."

Ndinamasulira zonse, za ndodo zomwe. Choncho lamulo lija linapezeka lopanda make ku Zomba, lopandanso make kumudzi. Ukakafika ku Kabula akakuphunzitsa zimenezi ndi mayina aatali, koma ntchito yake ndi yomweyo, kufunsa lamulo kuti linabadwa kwa yani, ndiponso ngati likumvera amene analibala.

Apa ndi pamene ndinaterereka zenizeni. Jaji anagamula ndi mawu amene tanthauzo lake ndinalimva bwinobwino: lamuloli silinakhalepo lamulo chiyambire, lili ngati silinabadwe. Ndinatsegula pakamwa, n'kuyang'ana mlamu wanga. Tangoganiza iwe. Pamaso pa akazi awo, nduna zawo ndi khamu lonse, mkamwini aimirire n'kuuza mfumu kuti mwana amene yakhala ikumunyadira sanabadwe n'komwe! Kuno mawu otero ndi kutukwana chimuna cha munthu, n'chimodzimodzi kumuloza kuti ndi gojo. Akulu anati mkamwini asamakule mwendo. Ndinafunafuna mawu ofewa, aulemu, ndipo ndinawapeza. Ndinapinda maondo n'kunena kuti, "Gogo Chalo, bwalo lati lamulo lanu lafa." Khamu lonse linati, "Hooo, pepani." Amfumu anaweramitsa mutu ngati munthu wofedwa, ndipo ena anayamba kuwagwira dzanja. Jaji ataona bata limenelo anandiyamikira kuti ndine womasulira waluso.

Atsibweni ako ukuwadziwa, sataya mwayi wa chisangalalo. Titafika kumudzi anati chomwe chafa chimaikidwa. Anafululitsa mowa, ife a mpingo anatikonzera thobwa, anakumbitsa kadzenje kuseri kwa bwalo, n'kuikamo kapepala kaja atakakulunga m'kansalu. Adzukulu anachita nthabwala zawo zonse, wina mpaka kufunsa ngati malemuwa asiya ana. Nankhoma, mwini kudandaula, ndiye analira mokweza kuposa onse, misozi ya kuseka ikutsika, uku Sitefano atanyamuka kale ndi bokosi lake. Maliro okoma ngati amenewo sindinawaonenso. Ndinkayenda pakati pa anthu chifuwa chili patsogolo, ndikuti ndapulumutsa chigamulo ndi ulemu pamodzi. Pobalalika, nduna yaikulu inandigwira dzanja. "Mwatithandiza, Aphunzitsi. Tilire kaye. Wolowa dzina tidzamuona m'tsogolomu." Ndinaseka nawo, osamva chimene ndauzidwa.

Waona pamene panagona nkhani? Kuno chinthu chaulemu chikafa sichitha. Mfumu ikafa, mwana wa mlongo wake amalowa dzina n'kukhala pampando womwewo, anthu n'kumamuitana monga ankaitanira malemu. Ponena kuti lafa, ndinavomera kuti linabadwa, linakhala ndi moyo, ndipo liyenera kusiya wolowa m'malo. Jaji anazula mtengo ndi mizu yomwe, ine ndinangoudula n'kusiya chitsa, ndipo chitsacho n'chimene chaphukira pa iwe chaka chino. Nduna sizinaname pamene zinati lamulo latsopanoli langolowa dzina la lakale. Paja amati ukayenda siya phazi, ukasiya mlomo udzaupeza. Wanga ndaupeza uli pakhomo panga. Tsono kumeneko, mwana wanga, akakupatsa mawu olemera kuti uwaolotse, uwaolotse ndi kulemera kwake komwe. Ulemu uziuika m'maondo ndi m'manja. Ugwade, uombe m'manja, utsitse mawu, koma tanthauzo usalichepetse ngakhale womvayo ali mlamu wako.

Ndipo ukamawerenga uzifika kumapeto. Izi ndinaphunzira pa fodya. Kunabwera chidziwitso cha boma, ndipo ndinachiwerenga pabwalo mofulumira chifukwa kunja kunali kutada ndi mvula: aliyense azule fodya yense m'munda mwake. Amuna anayamba kutukwana, amayi kugwira kumutu, wina n'kuthamanga kukazula mzere woyamba kuti aonetse kumvera. Nditatembenuza pepala kuti ndilipinde, kuseri kwake kunali mawu otsala: akatha kukolola, kuti matenda asagonere m'zitsa. Mwini mzere uja mpaka lero akakumana nane, asanandipatse moni amafunsa ngati ndatembenuza pepala. Malamulo amakonda kubisa mawu akuti "koma" ndi "pokhapokha" kumchira, ndipo nthawi zambiri munthu amapulumukira kumchirako.

Nkhani yotsatirayi yokha ukuidziwa, chifukwa wondichititsa manyazi unali iwe. Kwa zaka zingapo ndinkaphunzitsa ana m'kalasi muno za mlandu uja monyada, kuti lamulo lililonse lifunsidwe make. Tsono ndinali ndi lamulo langa, loti Lachisanu masana ana onse azipalira m'munda mwa mphunzitsi. Tsiku lina unakweza dzanja, mamina ali pamphuno, n'kufunsa kuti, "Aphunzitsi, lamulo la kumundali make ndani?" Ndinayang'ana m'buku la malangizo a mishoni sabata yonse. Munali za kusesa bwalo la sukulu ndi kufolera denga, koma munda wanga munalibe. Ndinafuna kukukwapula, ndikuvomera, koma ndikanakukwapula ndi lamulo litinso? Chaka chimenecho ndinapalira ndekha, amayi ako akuseka pamthunzi. Ndikukumbutsa chifukwa tsiku likubwera limene wokhala kuseri kwa tebulo udzakhala iwe. Kufunsa mfunda wa lamulo la mnzako n'kokoma. Wina akadzafunsa wa lako, usadzamuyese mdani, udzatsegule buku.

Pali funso lina limene ndakusungira. Mlandu uja utatha ndinathandiza kalaliki wa jaji kulongedza mabuku, munthu wa kumpoto wophunzira kwambiri. Ndinamufunsa monong'ona kuti, lamulo la amfumu make ndi la ku Zomba, la ku Zomba make ndi chikalata cha kutsidya, nanga chikalatacho make ndani? Ndani wa m'mapiri muno amene anafunsidwa pamene chinkabadwa? Anayang'ana kukhomo, namanga lamba wa bokosi, nati, "Aphunzitsi, funso limenelo lilibe bwalo lake pakali pano." Sananene kuti ndi lopusa. Usakalifunse sabata yoyamba, angakubweze pa sitima yomweyo. Ukaphunzire kaye. Ukawerenge milandu yakale, yotopetsa yomwe, ukaone pamene majaji anagwirizana ndi pamene anatsutsana, chifukwa nawonso ndi anthu, amaterereka. Ukawadziwe mabukuwo kuposa eni ake. Mwina iwe, mwina ana ako, mudzaona tsiku limene lamulo lalikulu la dziko lino lidzakhale ndi make wa konkuno, loti ngakhale bwanamkubwa akalilumpha, bwalo limubweze. Ndikaganiza zimenezo ndimaseka ndekha m'njira, anthu n'kumayesa mphunzitsi wazungulira mutu.

Zina zing'onozing'ono amayi ako akuuza kale, koma andituma kuti ndizilembe, ati zolembedwa ndiye umazimvera. Uzidya. Kutchalitchi uzipita kukapemphera, osati kukaonetsa nsapato. Munthu wobwera kukhoti wapansi, wonunkha utsi, wosadziwa khomo lolowera, uzimupatsa moni ndiwe woyamba, chifukwa Nankhoma anafika ku Boma ali wotero. Za atsikana a ku Kabula sindinena zambiri. Ungokumbuka kuti kumenekonso kuli chikamwini, ndipo ntchito imeneyo ndaigwira kale ine, yakwanira banja lonse.

Tsopano umve za dzulo, zimene sukuzidziwa. Iwe uli ku Dzoole, ndinapita kwa atsibweni ako kukakonza mawu anga aja. Ndinawapeza pakhonde akupala mpini. Maso awo ayamba kuchita nkhungu, miyendo yatupa. Chaka chino sunawaone bwino chifukwa umawayang'ana ndi mkwiyo. Tinali awiriwiri, choncho ndinasiya za Gogo Chalo n'kulankhula pachilamu.

"Alamu, tsiku lija ku Boma jaji sadati lamulo lafa ayi. Adati silidabadwe. Ndipo chosabadwa chilibe wolowa dzina."

Ndinadikira mphezi. Iwo anaseka mpaka kutsokomola, mpini n'kugwera pansi.

"Mukuyesa sindidadziwe? Mesenjala adandinong'oneza tsiku lomwelo tisadatuluke pa Boma. Ndidati mlamu wangayu wandiveka nsalu pagulu, ndiivule ndekha chifukwa ninji? Komanso si inu nomwe a mpingo mumaphunzitsa kuti akufa adzauka?"

Ndinasowa poyang'ana. Zaka zonsezi ndimayesa kuti ndinawabisira, pamene obisirana tinali awiri. Kenako ndinafunsa kuti, "Nanga mwaliutsiranji pa mwana wa mlongo wanu, mukudziwa kuti silingamugwire?"

Kuseka kunatha. Anasisita bondo, kenako anati, "Alamu, lamulo silidabadwe, ndavomera. Koma ine ndidabadwa. Miyendoyi mukuiona. Ana a alongo anga, wina adatchona ku Halale, wina ku Joni sitimva ndi mbiri yake yomwe. Watsala ndi uyu, wamakaniyu, woima pabwalo osaomba m'manja koma n'kunena zoona. Ndimugwire ndi chiyani? Chingwe ndilibe. Ndidangotola chimene chidali pafupi."

Za ufumu si za mkamwini kunena, ndi za amayi a mbumba, ndipo usanyamule maganizo amenewo kupita nawo ku Kabula. Ndikungokuuza chimene ndinaona ndi maso anga. Pakhonde paja panalibe mfumu yolimbana ndi khoti, panali nkhalamba yoopa kuti mwana wa mlongo wake sadzabweranso. Ndinamva chisoni, ndipo ndinawakonda kuposa kale. Kenako anaitanitsa nduna yaikulu ija n'kuiuza ine ndili pomwepo kuti lamulolo lisamvekenso, lakale ndi latsopano lomwe.

"Apite akaphunzire," anatero. "Akadzabwera azidzationera malamulo athu akadali m'mimba, tisamavutike ndi maliro. Koma asandidutse ngati chulu cha m'mbali mwa njira."

Ndi zimenezo, Yotamu. Wawina ku Boma, wawinanso pakhonde, ndipo ndikunyada nawe kuposa mmene pepala lino linganyamulire. Palibe lamulo lokukakamiza kukagwada mawa, inenso sindiika langa. Pochoka pano, njira ya ku Chezi imagawikana pa mkuyu paja. Ina, yaifupi, imazemba kuseri kwa nkhokwe za atsibweni ako. Ina imadutsa pakhonde pawo penipeni. Ndamva kwa akazi awo kuti awauza achape mkanjo wa pa zikondwerero, ndipo tambala amumanga kale mwendo kuti akhale kamba wako wa pasitima. Ati adzuka m'mamawa kukakhala pakhondepo ngakhale kuzizire chotani. Sadzakuitana, ndi mfumu. Maso awo saonanso patali, adzangotchera khutu kumvera mapazi.

Ine ndikunyamulira bokosi mpaka pa mkuyu. Pamenepo ndidzaima, utsogole ndiwe.

Ndine bambo ako, wokondwa osaneneka.